Kampani yotikolopera ku ofesi, ndi yodulirapo koma ndalama zake zikuoneka

Ambiri mwakhala mukundifunsa za kampani yomwe imakolopa ku ofesi kwathu ku Limbe ndiye ndati ndingolemba kamodzi. Ntchito amaitha, zimbudzi zimachita kuwala, mawindo amapukuta mpaka m'makona momwe ena amangodutsamo, ndipo mopu ya kuchimbudzi ndi yofiira ya kukhitchini ndi yabuluu, sasokoneza ayi. Ndowa, magolovesi, Jik, zonse amabwera nazo okha ife sitigula kanthu.

Koma chomwe chinandigwira mtima kwambiri ndi nkhani ya amayi omwe amatikolopera. Amayiwa anagwira zaka zambirimbiri pansi pa kampani ina ngati aganyu, kubwera m'mamawa anthu asanafike, ndalama kulandirira pamanja opanda pepala lililonse, akadwala tsiku limenelo lapita basi palibe malipiro. Kampani yatsopanoyi itatenga ntchito pa bilidingi yathu sinawathamangitse, inawapatsa kontrakiti yokhazikika ngakhale amagwirabe theka la tsiku, malipiro akulowa ku akaunti ya kubanki. Tsiku lina anandiitana, "bwerani muone achimwene", n'kutulutsa peyisilipi yoyamba atayisunga m'jumbo limodzi ndi buku lawo la kuchipatala, chala chili pa mzere wa penshoni. Lamulo la penshoni lomwe linayamba mu 2011 limati bwana azisonkha 10 pelesenti wantchito 5 pelesenti, ndiye tangoganizani zaka zonse zija palibe ngakhale tambala yomwe inalowa. Tchuthi nachonso tsopano akupita, pajatu Employment Act ya 2000 imapereka masiku 18 pachaka kwa ogwira masiku 6 pasabata, masiku 15 kwa ogwira masiku 5, komanso masabata 8 olipidwa kwa mayi woyembekezera. Makampani ambiri okolopa amazemba zonsezi pongomutcha munthu waganyu chaka ndi chaka pamene ntchito yake ndi ya tsiku lililonse, ine zimenezo zimandinyansa.

Zovuta zilipo. Mtengo wawo ndi wokwererapo kuposa ena omwe anatipatsa makoteshoni, abwana anga anayamba akana kaye. Amayiwa akapita kutchuthi olowa m'malo nthawi zina amafika mochedwa ndipo sadziwa komwe timasunga makiyi, foni ya ku ofesi kwawo nayonso imalira mpaka kuduka. Ndipo chomwe chimandipwetekabe n'chakuti zaka za ku kampani yakale ija sizinawerengedwe, severance, ndalama zomwe munthu amapatsidwa ntchito yake ikathetsedwa, amayiwa sanalandire, tikuwathandiza kuti akadandaule ku leba ofesi mwina mpaka ku khoti la zantchito ngati zitavuta.

Ine ndikuwapatsa nyenyezi 4 mwa 5. Ngati mukusaka okolopa pa shopu kapena pa ofesi panu, musanasaine afunseni akuonetseni kontrakiti ya antchito awo ndi umboni woti penshoni akusonkhadi. Awa anationetsa osavuta. Ofuna nambala yawo mundipeze ku inbox.