Viniga wa vinyo kapena balsamic, tigule uti wa msuzi wa saladi?

Amene anadyapo tchipisi cha pachiwaya ku Old Town kapena kudepoti amalidziwa botolo lija lobowoledwa pachitsekerero, limene wogulitsa amawazira pa kabichi ndi tomato asanakupatseni. Viniga woyera uja, kamchere ndi mafuta otsalira pa tchipisi, ndiwo msuzi wa saladi umene ambiri tinakula nawo. Ndiye mukamva dzina loti vinaigrette musaganize kuti ndi zachilendo. Ndi chowawasa, mafuta ndi mchere basi, kungoti zimayezedwa bwino n'kusakanizidwa zisanafike pamasamba. Vuto limabwera munthu ukaima pashelefu m'masitolo a ku Gateway Mall kapena ku Crossroads, n'kuona mabotolo awiri, lina lolembedwa wine vinegar lina balsamic, onse mtengo wake wosaseka nawo. Chichokereni pamene kwacha inatsitsidwa mphamvu ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, zinthu zochokera kunja ngati zimenezi sitingazigule mongoyesa.

Ine ndagwiritsa ntchito onse awiri kukhitchini kwanga ku Area 25, ndipo ndinene msanga kuti ngati ndalama ikukwana botolo limodzi lokha, tengani viniga wa vinyo wofiira. Balsamic ndimamukonda kwambiri, koma ndi mlendo wosankha mbale.

Viniga wa vinyo ndi uja Baibulo lathu limamutchula kuti vinyo wosasa, ndipo dzinali likufotokoza ndendende mmene amapangidwira. Vinyo akasiyidwa pamene pakulowa mpweya, tizilombo tina tosaoneka ndi maso totchedwa Acetobacter timadya mowa umene uli m'katimo n'kuusandutsa asidi wowawasa. Katswiri wa ku France Louis Pasteur ndi amene anafotokoza bwino zimenezi m'zaka za m'ma 1860, ngakhale kuti anthu anali atayamba kalekale kupanga viniga osadziwa chimene chikuchitika mumgolo. Kwa amene sakumwa mowa chifukwa cha chipembedzo, dziwani kuti mowa wotsala mu viniga wotere ndi wochepa zedi, sungaledzeretse munthu. Kukoma kwake ndi kowawasa mosabisa, kofika msanga palilime, koma kumbuyo kwake kumamveka kafungo ka mphesa kamene viniga woyera wa pachiwaya alibe. Viniga wa vinyoyu alipo wofiira ndi woyera. Wofiira ali ndi mphamvu, amalimbana bwino ndi anyezi ndi kabichi. Woyera ndi wofatsa, amayenera letesi ndi nkhaka, komanso sasintha mtundu wa masamba.

Balsamic nkhani yake ndi yaitali, ndipo m'pamene anthu amatayira ndalama. Kwawo ndi ku Modena ndi Reggio Emilia, kumpoto kwa Italy. Weniweni wachikale sapangidwa ndi vinyo ayi. Amafinya mphesa, makamaka za mtundu wa Trebbiano ndi Lambrusco, n'kuphika madziwo pang'onopang'ono mpaka achite phalaphala, kenako amawasunga m'migolo ya mitengo yosiyanasiyana, chaka ndi chaka n'kumawasamutsira mumgolo wocheperapo. Lamulo lawo limati asagulitsidwe zisanathe zaka 12, ndipo wolembedwa extravecchio ndiye kuti wakhala zaka 25 kapena kuposa. Amabwera m'kabotolo ka mamililita 100 kolembedwa Tradizionale ndi DOP, chizindikiro chotsimikiza kuti anapangidwa kwawoko motsata lamulo, ndipo amenewo sawathira n'komwe mumsuzi wa saladi, amangodonthezera madontho angapo pa tchizi kapena panyama.

Amene timamupeza m'masitolo ambiri ndi mng'ono wake, wolembedwa Aceto Balsamico di Modena IGP, dzina limene mayiko a ku Ulaya analiteteza mu 2009. Ameneyu ndi madzi a mphesa ophika osakaniza ndi viniga wa vinyo, ndipo amatha kugulitsidwa atangokhala masiku 60 mumgolo. Amaloledwanso kumuthira shuga wowotcha pang'ono, osaposa 2 peresenti, kuti ade bwino. Palibe cholakwika ndi ameneyu, ndi amene amayeneradi saladi. Koma pali ena olembedwa balsamic chabe, opanda chizindikiro cha IGP, amene nthawi zina amakhala viniga wamba wothira shuga ndi utoto. Tembenuzani botolo muwerenge zimene zili m'kati. Ngati choyamba kutchulidwa ndi madzi a mphesa, botololo lili ndi thupi komanso kutsekemera kwachibadwa. Ngati choyamba ndi viniga, likhala lowawasa komanso lamadzimadzi. Mukhozanso kulipendeketsa pang'ono n'kuona ngati akusiya kanthu pagalasi potsika.

Kusiyana kwawo ndinakuonera pambale tsiku lina apongozi anga aakazi atabwera kuchokera ku Dedza. Ndinakonza saladi ya kabichi woyera, karoti ndi anyezi yoti tidyere mpunga ndi nkhuku, ndipo pofuna kuwalemekeza ndinathira msuzi wa balsamic yekha. Patangopita mphindi zochepa kabichi yense anasanduka wakuda ngati wagwera m'matope a m'dimba. Amayiwo anayang'ana mbaleyo kwakanthawi n'kufunsa mwaulemu kuti, "Kodi mayi a Chikondi, kabichiyu anagona?" Analawa, anati akukoma, koma sanatengenso. Zinandipweteka chifukwa kabichi anali watsopano, ndinamugula m'mawa womwewo. Kutsekemera kwa balsamic kunakumana ndi kutsekemera kwa karoti, saladi yonse n'kukhala yolemera pakamwa, yosatsitsa mafuta a nkhuku ija. Kabichi amafuna chinthu chomudzutsa, ndipo ntchito imeneyo ndi ya viniga wa vinyo.

Koma yesani balsamic yemweyo pa tomato wakupsa bwino, uja wa ku Ntcheu wofiira mpaka m'kati amene amadzaza msika wa Lizulu, mutamudula mozungulira n'kuika anyezi wofiira pamwamba. Apo ndiye kwawo. Tomato ali kale ndi kuwawasa kwake, ndiye kutsekemera kwa mphesa zophika kumamukwanitsa. Pa mapeyala nakonso amachita bwino, pa bitiruti, pa maungu owotcha, ngakhale pa mango wosapsetsa. Kanyenya wa ng'ombe mukamudula tizidutswa n'kumuika pa letesi, msuzi wa balsamic umagwirizana ndi kupserera kwa pamakala kuja mosaneneka.

Pa muyeso, chizolowezi cha ku France ndi masupuni atatu a mafuta pa supuni imodzi ya viniga. Kwa viniga wa vinyo muyeso umenewu ndi woyenera, chifukwa mukachepetsa mafuta amaluma pakhosi. Kwa balsamic ine ndimaika masupuni awiri okha a mafuta pa supuni imodzi, popeza shuga wa mphesa amaphimba kale kuwawasa, ndipo mafuta akachuluka msuzi umagona. Chimene chimandithandiza kwambiri masiku ano ndi kuwaphatikiza. M'botolo lakale la jamu lotsukidwa bwino ndimathira masupuni awiri aakulu a viniga wa vinyo wofiira ndi supuni imodzi ya balsamic, theka la supuni ya tiyi ya mchere, kadzino kamodzi ka adyo kosinja, ndi supuni ya tiyi ya masitadi. Ndimakhutchumula kaye zimenezi mafuta asanalowe, chifukwa mchere susungunuka m'mafuta, ukathiridwa pomaliza umangokhala pansi ngati mchenga. Kenako masupuni asanu ndi atatu a mafuta, kutseka mwamphamvu, n'kukhutchumula mpaka msuzi usinthe mtundu ukhale wakhathi. Masitadi, kaya wa Dijon kaya wamba, ntchito yake si kukoma kokha, ndi amene amagwirizanitsa mafuta ndi viniga kuti zisalekane msanga. Akasowa, kauchi pang'ono kamathandizako, koma pamene pali balsamic uchi muusamale, zingatsekemere ngati zakumwa za ana.

Ena amathiramo vinyo weniweni wotsala m'botolo, supuni imodzi kapena ziwiri, m'malo mwa viniga wa vinyo. Zimatheka ndipo zimafewetsa balsamic wowawasa kwambiri, koma vinyo alibe asidi wokwanira, ndiye msuziwo umakhala wofooka, komanso mowa wake umakhala udakalimo. Pagome pamene pali ana kapena alendo osamwa sindingachite zimenezo.

Mafuta nawonso ali ndi mbali yake pa mpikisanowu. A maolivi ndi amene amatchulidwa m'mabuku ophikira, koma mtengo wake kuno ndi wokwera. Mafuta athu a mpendadzuwa alibe fungo lamphamvu, ndipo apa balsamic amapambana, chifukwa ali ndi kukoma kokwanira kuti anyamule msuzi wonse yekha. Viniga wa vinyo ndi mafuta ophikira okhaokha zimamveka zosakwanira, zimafuna adyo, tsabola wakuda, mwina kachidutswa ka kambuzi kakang'ono zedi. Chinthu chimodzi chokha: mafuta akhale atsopano, osati otapitsa apamsika amene akhala padzuwa, chifukwa mu saladi simuwatenthetsa, fungo lililonse la kukhalitsa limamveka.

Wina anganene kuti bwanji osangofinya mandimu a kuseri kwa nyumba. Inde, nyengo yake ikakwana inenso ndimatero, ndipo pa nkhaka kapena pa nsomba mandimu amaposa onse awiriwa. Kungoti msuzi wa mandimu umafuna kudyedwa tsiku lomwelo, mawa lake kafungo kaja kamakhala katathawa, pamene botolo la viniga limakhala miyezi yambiri m'kabati osafuna firiji. Msuzi wosakaniza kale, makamaka ukakhala ndi adyo wamuwisi, muusunge mufiriji ndipo muumalize m'masiku atatu kapena anayi. Magetsi akamazimazima ndi bwino kungopanga wokwanira chakudya chimodzi. Ndipo viniga, kaya ndi wodula bwanji, salowa m'malo mwa kutsuka masamba ndi madzi otetezedwa. Kolera wa mu 2022 ndi 2023 anatiphunzitsa kuno ku Lilongwe kuti zamasamba zosaphika si zochita nazo masewera.

Pa kukhalitsa kwa botolo, viniga wa vinyo amatha msanga chifukwa amalowa paliponse: pa kabichi, pa nyemba zozizira zothira anyezi, pa mbatatesi yowiritsa, ngakhale poviika nkhuku musanaiwotche. Anyezi wamuwisi mukamuviika mphindi khumi mu viniga ameneyu ukali wake umatsika, ana amadya osadandaula. Balsamic botolo limodzi la mamililita 250 kwa ine limadutsa miyezi isanu ndi umodzi, popeza ndimangotengako supuni imodzi nthawi ndi nthawi. Ndiye mukagula wofiira uja mwezi uno, balsamic mudikire nyengo imene tomato watchipa, mudzagule wa IGP, ndipo tsiku loyamba mudzamuyese pa tomato yekha ndi mchere musanamusakanize ndi china chilichonse.