Chisoti cha Barenziah mu Skyrim: miyala 24 yonse ija koma kuvala ayi

Amene mumasewera Skyrim mukukadziwa kamwala kapinki kaja kamayandama mkabokosi kagolide, ukangokatola gemu imalemba kuti Unusual Gem nde imakuuza upite nako kwa wodziwa mitengo ya zinthu. Kameneko ndi chiyambi cha mishoni ya No Stone Unturned, ine ndinaimaliza ndipo ndati ndikuuzeni musanayambe kuthamanga nayo, chifukwa malipiro ake ndi enieni koma amabwera mochedwa kwambiri.

Nkhani yake payokha ndi yokoma, apa sindinganame. Barenziah anali mfumukazi ya a Dunmer, ma elf akhungu lotuwa aja a ku Morrowind, ndipo amene munasewerako Daggerfall ya 1996 kapena Tribunal ya 2002 munakumana naye maso ndi maso. Mbava ina inazula miyala yonse pa chisoti chake chachifumu pofuna kusokoneza omulondola, miyala ija nkumwazikana dziko lonse. Amakufotokozera zimenezi ndi Vex wa ku Thieves Guild, gulu la mbava la mumzinda wa Riften, amati chisoticho chikabwerera mwakale chimawonjezera mwayi kwa akuba onse a gululo. Koma mayi ameneyu sakuuza kanthu ngati sunalowe gulu lawo, nde ngati mumafuna kukhala munthu wolungama mu gemu yonse pepani aise, muyambe kaye kupisa m'matumba mwa anthu pa msika wa Riften.

Pomwe pamavutira ndi apa. Miyala ilipo 24 ndipo palibe ngakhale umodzi womwe gemu imakulozera pa mapu, kamuvi kaja kamakutsogolera m'mamishoni ena ambiri apa kulibe, umangoona nambala ikukwera basi. Sungaigulitse, sungaitaye, imangokhala m'chikwama kumakuyang'ana. Komanso malo ake si ongodutsa ayi. Wina uli kuchipinda cha Arch-Mage, mkulu wa sukulu ya matsenga ya College of Winterhold, wina kuchipinda cha Astrid kobisalira a Dark Brotherhood kufupi ndi Falkreath kutanthauza kuti uyenera kulowa gulu la zigawenga zija kapena kuzipha zonse, wina pa sitima ya Dainty Sload, wina mu Dwemer Museum ku Markarth komwe alonda sasekerera mlendo. Koma womwe umandiwawa mpaka pano ndi wa mu Proudspire Manor ku Solitude, nyumba ya mtengo wa golide 25,000, eti kugula nyumba yodula chonchi chifukwa cha kamwala kamodzi, ndipo sakugulitsa usanawagwirire kaye ntchito a kunyumba ya Jarl Elisif, wolamulira mzindawo. Pomwe gemu imatuluka mu 2011 zinali zoposa apa, mwala wina unali mkati mwa Thalmor Embassy momwe umalowa kamodzi kokha, ukauphonya basi zako zada, mpaka anadzausamutsa nkukauika ku Reeking Cave.

Ukaipeza yonse Vex amakutumanso kukatenga chisoti chenichenicho ku Tolvald's Cave. Gawo ili nde ndinalikonda zedi, phanga lalitali lamdima lodzaza ndi a Falmer, ma elf osaona aja, ndi zi chaurus, zilombo zolavula poizoni zija, umatsika umatsika mpaka kuyamba kukaika ngati uli njira yolondola. Tengani mankhwala okwanira komanso wokuperekezani, musapite ndi matama.

Nde wachipeza chisoti, chokongola, chagolide, chamapiko uku ndi uku, ukuti lero lokha Whiterun yonse indiona. Sichivalika abale. Palibe batani loti uvale. Umakapereka kwa Vex, iye amabwezeretsa miyala, kenako chimakakhala pa kachiboliboli kuseri kwa tebulo la mkulu wa gulu mu Cistern, kulikulu la gululo, iwe uzingodutsa nkumachiona. Zili ngati kumugulira mwana malaya a Khirisimasi nkuwakhomera mu sutikesi kuti azingosuzumira.

Chomwe umapatsidwa ndi mphamvu yotchedwa Prowler's Profit, ndipo tinene chilungamo imagwira ntchito kobasi. Kuyambira pamenepo bokosi lililonse, mtsuko uliwonse wa m'manda a ma draugr, akufa oyenda aja, umangopezamo ma dayamondi, ma ruby, ma emerald, nthawi zina angapo pakamodzi, ndipo sizilemera nde kutuluka m'phanga limodzi chikwama chili tho ndi chuma. Koma taganizani, munthu woti wagula kale nyumba ya 25,000, wazungulira mizinda yonse, walowa magulu onse, ndalama akuzifunanso zachani? Panthawi imeneyo umakhala uli bwana kale. Kuwonjezera apo ogulitsa m'mashopu amakhala ndi golide wochepa, madayamondi awiri atatu wamutha, umayamba kuyendayenda ndi miyala yosowa wogula pokhapokha utakonza bwino Thieves Guild kuti ogula katundu wakuba aja afike pa 4,000 aliyense. Komwe ndinaona phindu ndi kosula, mphete ndi mikanda ya miyala imeneyi imakweza luso la Smithing msanga, ukaiikanso matsenga nde luso la Enchanting nalo limakwera.

Ngati chomwe mukufuna ndi chisoti chamatsenga choti chikhale pamutu panu, pitani ku Aetherial Crown. Chinabwera ndi Dawnguard, gawo loonjezera pa gemuyi, mu 2012 ndipo mu Special Edition ya 2016 chilimo kale. Mishoni yake ndi Lost to the Ages, mumayenda ndi mzimu wa Katria kutolera zidutswa zinayi zokha osati 24, kumapeto pa Aetherium Forge mumasankha chimodzi pakati pa chisoti, chishango ndi ndodo. Sankhani chisoti musaganize kawiri, chimakulolani kukhala ndi mphamvu za ma Standing Stone, zipilala zamwala zopatsa mphamvu zija, awiri nthawi imodzi, zomwe zimasintha kaseweredwe konse. Jagged Crown ya ku Korvanjund ija ya mafupa ndi mano a dragon imavalika inde, koma nayonso umakaisiya kwa Ulfric kapena Tullius, atsogoleri a mbali ziwiri za nkhondo yapachiweniweni ija.

Pa nyenyezi zisanu mishoni ya Barenziah ndikuipatsa ziwiri, imodzi ya nkhani, ina ya phanga lija. Gemu yonseyo nde ayi ndi yogula ndithu, Special Edition imafuna malo okwana 12 GB ndipo ukangoitsitsa bandulo yapuma, siifuna intaneti posewera. Amene mukuyamba kumene ndipo mwatsimikiza kuti chisoti mukuchifuna, tsegulani mndandanda wa malo pa foni muzitola mukamadutsa pochita mamishoni ena, a pa kompyuta ikani mod yolozera miyala pa mapu palibe wokuweruzani. Yambani ndi itatu ya ku Whiterun, kuchipinda cha Kodlak ku Jorrvaskr, kuchipinda cha Jarl ku Dragonsreach ndi kumanda a pansi pa Hall of the Dead, ndipo muthamangire kuimaliza mukadali osauka.