Assassin's Creed yoyamba ija: kukwera makoma nkokoma, koma mbiri ya anthu a ku Masyaf anaidula pakati

Sabata yatha ndamaliza Assassin's Creed yoyamba ija ya 2007, ndiye ndati ndilembeko chifukwa mafana ambiri akuyambira pa zatsopanozi osadziwa komwe zinachokera. Ine ndasewera ya pa PC yomwe inatuluka 2008, siilemera ayi, laputopu yanga ndi yakalekale koma yayendetsa bwinobwino popanda kudukiza.

Nkhani yake ili mu 1191, nthawi imene Richard mfumu ya England ndi Saladin, mfumu ya Asilamu ya ku Egypt ndi Syria, amalimbirana Jerusalem pa nkhondo za mtanda. Iwe umakhala Altaïr, mnyamata wa gulu la ma Assassin ku Masyaf ku Syria, yemwe wachita matama pa ntchito mpaka mkulu wawo Al Mualim kumulanda udindo ndi zida zonse, ndiye kuti abwerere pomwe anali akuyenera kupha anthu 9 ku Damascus, Acre ndi Jerusalem. Kukoma kwa gemuyi kuli pa mizinda imeneyi amwene. Tsiku loyamba nditafika ku Damascus pa hachi ndinatha ola lathunthu osagwira mishoni iliyonse, kumangokwera nsanja, Altaïr akugwira pa zenera, pa mwala wotuluka, pa thabwa, mpaka pamwamba pomwe chiwombankhanga chikuzungulira, kenako umadziponya pansi nkugwera mu ngolo ya udzu. Mtima umachita kuti phaa. Acre ndi ya mdima, nyumba zakugwa, mitembo m'mbali mwa njira chifukwa nkhondo yangotha kumene, pamene Damascus ili mbee dzuwa ndi fumbi, ndipo umasiyanitsa ngakhale osayang'ana mapu.

Zotopetsa ziliponso. Usanaphe munthu aliyense umachita zomwezomwezo, kukhala pa benchi kumvetsera miseche, kupisa wina mthumba, kutsatira wolalikira mpaka pakona nkumumenya kuti aulule, ukafika pa munthu wachisanu umakhala ukudziwa kale chilichonse. Amayi opemphapempha aja amakutsekera njira pomwe ukufuna kubisala, Altaïr akagwera mmadzi basi wafa, munthu woti amakwera nsanja ngati buluzi koma kusambira ayi. Koma chomwe chinandivuta kwambiri nchoti mulibe mawu olembedwa pansi, ma subtitle, ndipo anthu ake amayankhula nthawi yaitali makamaka akamafa, ndiye ngati chizungu cholankhula mwachangu chimakudutsani zambiri zikupitani.

Koma chandilembetsa kwenikweni si zimenezi. Nditamaliza ndinayamba kufufuza za anthu enieniwo chifukwa Masyaf ilikodi, nyumba ya malinga ija ikadalipo mpaka lero, ndipo zomwe ndinapeza zandikhudza kuposa za mugemu. Gemu imakuuza kuti ma Assassin ndi gulu lachinsinsi lomenyera ufulu wa anthu onse polimbana ndi ma Templar, gulu la asilikali achikhristu a nkhondo za mtanda, chipembedzo chawo sachitchula nkomwe. Chonsecho anthuwa anali Asilamu a Chishia, a nthambi ya Ismaili, omwe timawatcha ma Nizari. Mu 1094 khalifa, kutanthauza mfumu komanso mtsogoleri wa chipembedzo, wa ufumu wa ma Fatimid ku Cairo, al-Mustansir, atamwalira panabuka mkangano wa yemwe alowe mmalo, mwana wamkulu Nizar anakankhidwira kunja nkuikapo mng'ono wake al-Musta'li, ndipo a Ismaili a ku Persia anakana, anati ife imamu wathu ndi Nizar. Mtsogoleri wawo anali Hasan-i Sabbah, yemwe mu 1090 anali atalanda kale Alamut, linga la pamwamba pa thanthwe m'mapiri a kumpoto kwa Iran, ndipo anakhala momwemo mpaka kumwalira mu 1124. Munthu wake anali wouma mtima pa malamulo, anapha ndi ana ake omwe awiri, mmodzi pa mlandu womwa vinyo.

Tsono taganizani, kagulu kochepa ka m'mapiri kazunguliridwa ndi ufumu wa ma Seljuk, a Chisuni, okhala ndi asilikali ankhaninkhani, omwe amawaona a Ismaili ngati ampatuko oyenera kuthedwa. Nkhondo ya pabwalo sakanaitha. Ndiye anasankha kumapha mutu, munthu mmodzi wamkulu, mmalo molimbana ndi gulu lonse. Woyamba wotchuka anali Nizam al-Mulk, nduna yaikulu ya ma Seljuk, mu October 1092 pafupi ndi Nahavand, munthu anabwera atavala ngati Sufi, Msilamu wodzipereka pa mapemphero, wodzapereka dandaulo nkumubaya ndi mpeni. Otumidwawa ankatchedwa ma fida'i, kutanthauza odzipereka nsembe, ndipo apa mpomwe gemu yasiyana kwambiri ndi zenizeni. Altaïr akabaya amathawa padenga, kubisala mu udzu, belu likasiya kulira wapulumuka, mawa akubaya wina. Fida'i weniweni nthawi zambiri sankabwerako. Ankatha miyezi ali pafupi ndi munthuyo ngati wantchito kapena mlonda, nkumubaya poyera, kawirikawiri mu mzikiti tsiku Lachisanu anthu atadzaza, akudziwa kuti alonda amudula pompo. Cholinga chinali choti aliyense aone, akuluakulu ena onse agone ndi mantha. Gemu ikanayika chimenechi ngakhale pa mishoni imodzi yokha bwenzi kupha kukumveka kulemera kwake, osati kumangooneka ngati masewera othamanga.

China chomwe gemu yapotoza, imakupangitsa kuganiza kuti adani awo akulu anali azungu a mtanda. Ayi ndithu, ambiri omwe anawabaya anali Asilamu anzawo, ma emir olamula mizinda, oweruza, akuluakulu a chipembedzo. Janah al-Dawla wa ku Homs mu 1103, al-Bursuqi ku Mosul mu 1126, khalifa wa Cairo al-Amir mu 1130, khalifa wa Baghdad al-Mustarshid mu 1135. Saladin yemwe anayesa kumupha kawiri, 1175 ndi 1176, kachiwirika ku Azaz anapulumuka chifukwa cha zovala zachitsulo zomwe anavala mkati, mpaka anakazinga Masyaf chaka chomwecho koma anabwerera osailanda. Wolamula Masyaf nthawi imeneyo anali Rashid al-Din Sinan, ndiye amene Al Mualim akumufanizira, azungu ankamuti Nkhalamba ya Kuphiri. Mzungu wotchuka yemwe ma Nizari anamupha ndi Conrad wa Montferrat ku Tyre pa 28 April 1192, atangosankhidwa kumene kukhala mfumu ya Jerusalem, koma mugemu umapha bambo ake William ku Acre, zomwe sizinachitike. Robert de Sablé, yemwenso umamupha mugemu, analikodi, anali mkulu wa ma Templar, koma sanafe ndi mpeni wa Assassin.

Ndipo sindikuwayeretsa anthuwa ayi, kupha ndi kupha, ndipo mtengo wake ankalipira ndi anthu wamba a Chiismaili okhala m'matauni omwe analibe linga lothawirako, ngati ku Damascus mu 1129 komwe anaphedwa miyandamiyanda. Zimenezinso gemu ili duu.

Dzina lija la Assassin nalo linali chitonzo. Adani awo ku Syria ankawati hashishiyya, ngati mmene kwathu kuno ukafuna kunyoza munthu umangoti wachamba uyu, osati kuti wamuona akusuta. Azungu a nkhondo za mtanda analitola dzinalo nkupita nalo kwawo, kenako kunabwera nthano ya Marco Polo, mlendo woyendayenda wa ku Venice, ya munda wokongola wa atsikana ndi mitsinje ya mkaka ndi uchi komwe anyamata amawagoneka ndi mankhwala nkuwauza kuti alawa paradizo, koma Marco Polo anadutsa ku Persia Alamut itagwa kale, anangomva zamm'maluwa. Apa ndiyamikire gemuyi, nkhani ya chamba ndi munda wonyengerera sanaipange kukhala maziko, ngakhale kuseri kwa linga la Masyaf anayikako kamunda ka atsikana. Kudziponya kuchokera pansanja kuja nakonso kunachokera mu nthano za azungu zoti Sinan amangokodola anyamata ake nkudumpha kukafa.

Ndiye anzanga ena akamati kupha atsogoleri a ndale kunayamba ndi Asilamu chifukwa liwulo linachokera kumeneko ndimakana. Liwu ndi lomwe linachokera kumeneko, mchitidwewo ndi wakale. Philip wa ku Macedon anabayidwa 336 BC, Julius Caesar 44 BC, ku Judea kunali ma Sicarii omwe ankabisa timipeni m'malaya nkumabaya pa chikondwerero, zaka 1000 Hasan-i Sabbah asanabadwe. Mu Chisilamu momwemo ma khalifa oyambirira anaphedwa, Umar 644, Uthman 656, Ali 661 mu mzikiti wa Kufa. Chomwe ma Nizari anachita chachilendo nkusandutsa kubaya kukhala ndondomeko ya boma lawo kwa zaka zoposa 150, mpaka ma Mongol a Hulagu analanda Alamut mu 1256 nkuwotcha laibulale yake, zomwe zinapangitsa kuti zambiri zomwe timamva za iwo zikhale zolembedwa ndi adani awo. A ku Syria anamalizidwa ndi Baybars, mfumu ya ku Egypt, pofika 1273. Koma anthuwo sanathe, ma Nizari alipo mamiliyoni lero, imamu wawo ndi Aga Khan, yemwe uja wa zipatala za ku Nairobi ndi Dar es Salaam, ndipo bungwe lake la zachikhalidwe ndi lomwe linakonza linga la Masyaf lomwelo. Izi zinandidabwitsa kwambiri, ndinakhala kaye chete nditaziwerenga.

Pa 10 ndikuipatsa 7. Ngati mumakonda kukwera, kuthamanga padenga ndi kumenyana ndi lupanga igulani, makamaka ikatsika mtengo pa intaneti, maola 15 kapena kuposerapo pang'ono mumaliza. Sewerani ndi kontirola, kiyibodi imapweteketsa zala, valani mahedifoni kuti mumve zomwe akunena, ndipo mbendera zomwazikana mmizinda zija musataye nazo nthawi, ine ndinatolera zonse za ku Masyaf usiku wathunthu ndipo palibe chomwe ndinapatsidwa.