Maphunziro a manambala a matenda ku Mulanje: ndi othandiza, koma pitani ndi dokotala wanu

Ndine kalaliki wosunga mafayilo a odwala pa chipatala china m'boma la Thyolo, ndipo mwezi watha ofesi yathu idanditumiza ku maphunziro a masiku atatu omwe adachitikira pa malo ena ogona alendo pafupi ndi Chitakale ku Mulanje. Adawakonza ndi bungwe lina lomwe si laboma, pofuna kuphunzitsa makalaliki ndi anamwino kalembedwe ka manambala a matenda motsatira buku la ICD-10, lomwe ndi buku la bungwe loona zaumoyo padziko lonse la WHO lopatsa matenda aliwonse nambala yake. Anzanga a ku Luchenza akhala akundifunsa ngati n'koyenera kuti nawonso adzapite ulendo wotsatira. Yankho langa ndi lakuti adzapite, koma adziwiretu chimene sakachipeza kumeneko.

Tsiku loyamba lidali la mbiri ndi kapangidwe ka bukuli, lomwe msonkhano waukulu wa bungwe la WHO udavomereza mu 1990 ndipo maiko adayamba kuligwiritsa ntchito mu 1994. Buku latsopano la ICD-11, lomwe lidayamba kugwira ntchito pa 1 Januwale 2022, adangolitchula modutsa. Malo adali aukhondo, mapepala a maphunziro adatikwanira tonse, ndipo magetsi atazima jenereta idayaka msanga.

Phindu lenileni ndidalipeza tsiku lachiwiri, pomwe tidafika pa nkhani ya chiphe. Mphunzitsi wathu, mayi wodekha yemwe amaoneka kuti wagwira mafayilo a m'wodi kwa zaka zambiri, adafotokoza kuti wodwala wa chiphe amafunika manambala awiri. Yoyamba imachokera m'chaputala 19 ndipo imanena chimene chavulaza thupi, pomwe yachiwiri imachokera m'chaputala 20 ndipo imanena momwe chinthucho chidalowera m'thupimo. Pa mankhwala ophera tizilombo, udzu ndi makoswe, yoyamba ndi T60. Yachiwiri ndi X48 ngati zidachitika mwangozi, X68 ngati munthu adamwa yekha mwadala, X87 ngati wina adamuthirira, ndi Y18 ngati dokotala kapena bwalo la milandu lalephera kusiyanitsa. Chiphe china chomwa mwadala chomwe chilibe nambala yakeyake chimapita ku X69.

Kenako adatigawira fayilo yoyeserera ya bambo wina yemwe adamwa tameki, natiuza kuti tilembe nambala. Ambirife tidathamangira T60.4, ya mankhwala a makoswe, chifukwa m'misika yathu tameki timamudziwa ngati mankhwala a makoswe basi. Mphunzitsi adaima pambali panga, naloza pepala langa ndi cholembera, n'kunena kuti: "Abambo, mwalemba zomwe ogulitsa amanena, koma werenganinso zomwe thupi la wodwalayu likunena." M'fayilomo mudalembedwa malovu osaleka, thukuta lonyowetsa zofunda, timboni ta maso tating'ono ngati nsonga ya singano, ndiponso kuti adampatsa kangapo atropine, mankhwala othana ndi chiphe chobweretsa zizindikiro zotere. Tameki weniweni, yemwe dzina lake la pa malonda ndi Temik, ndi aldicarb, mankhwala a gulu la carbamate omwe adapangidwira tizilombo ta m'munda, ndiye nambala yake ndi T60.0, pamodzi ndi a gulu la organophosphate. Ndidakhala chete, ndikuwerenga mumtima mafayilo omwe ndakhala ndikuika pa nambala yolakwika.

Adatichenjezanso za manambala omwe amabwera koyamba munthu akafufuza pa Google, monga T60.0X2A. Amenewa ndi a ICD-10-CM, buku lomwe dziko la America lidayamba kugwiritsa ntchito pa 1 Okutobala 2015, ndipo m'menemo cholinga cha wodwala chimalowa m'nambala yomweyo, kotero kuti 2 wa mu T60.0X2A amatanthauza kudzivulaza mwadala. Kalaliki wosadziwa akhoza kusakaniza mabuku awiriwa kwa chaka chathunthu osazindikira, ndipo chenjezo lokhalo lidali lokwanira kulipira ulendo wanga.

Dandaulo langa lili pa chinthu chimodzi, ndipo n'chachikulu. M'mawu otsogolera gawo la Y10 mpaka Y34, bukuli limanena kuti chiphe chomwe sichidatchulidwe ngati chidali changozi kapena chadala chimapita ku manambala a ngozi, X40 mpaka X49. Mphunzitsi adawerenga lamuloli, ife tidalemba, n'kupita kukamwa tiyi. Koma kwa ife a kuno, lamulo limeneli ndiye mutu wa nkhani yonse, chifukwa fayilo yomwe dokotala wangolembamo kuti "chiphe" imasanduka ngozi ikafika pa desiki yanga, ngakhale wodi yonse ikudziwa chomwe chidachitika.

Ndimakumbukira mtsikana wina wa kumidzi yoyandikana ndi maesiteti a tiyi yemwe adabwera naye usiku. Mayi ake, omwe adali gadiyani, adakhala pakhonde atafunda chitenje kumutu, ndipo aliyense wowafunsa ankamuyankha mawu amodzimodzi: "Adasokoneza mabotolo, mwanangu, mumdima." Namwino adamva zina kuchokera kwa mtsikanayo atatsitsimuka, koma m'fayilo simudalowe kanthu. Sindingawadzudzule mayiwo. Kwa zaka zambiri ndime 229 ya malamulo a milandu m'dziko muno yakhala ikuwerengera kuyesa kudzipha ngati mlandu, ndipo pamwamba pa mantha a apolisi pali manyazi a kumudzi ndi a kutchalitchi, komanso buku la kuchipatala lomwe apongozi kapena abwana a kuntchito akhoza kulitsegula. Ine ndidalemba X48 monga lamulo likunenera, popeza kalaliki saloledwa kuganizira yekha cholinga cha wodwala, koma dzanja langa lidalemera. Mtsikanayo adatuluka patatha masiku anayi popanda wina womuitana kuti adzakambirane naye za chomwe chidamufikitsa pamenepo.

M'chipinda chamaphunziro mudalibe dokotala ngakhale mmodzi, chonsecho nambala ya X68 imabadwira m'cholembera cha dokotala. Ndidayembekezera kuti tikambirana momwe kalaliki angabwezere fayilo ku wodi mwaulemu kuti ikamalizidwe, momwe wodwala angafunsidwire payekha gadiyani atatuluka, ndi momwe cholinga chingalembedwere m'fayilo ya chipatala mosaulula chinsinsi m'buku lomwe wodwala amapita nalo kunyumba. Nditafunsa, mphunzitsi adavomera kuti nkhaniyi ndi yofunika, koma adati sidali pa ndondomeko yomwe adapatsidwa.

Chimandipweteka n'chakuti manambalawa amawerengedwa ndi anthu okonza mapulani. Bungwe la WHO lanenapo kuti pafupifupi munthu mmodzi mwa asanu aliwonse odzipha padziko lonse amamwa mankhwala ophera tizilombo, ndipo dziko la Sri Lanka lidachepetsa kwambiri imfa zotere litaletsa mankhwala oopsa kwambiri, chifukwa lidali ndi ziwerengero zosonyeza omwe ankapha anthu. Bungwe la Pesticides Control Board lili pa Bvumbwe, m'boma lathu lomwe lino. Ngati malipoti athu akusonyeza ngozi zokhazokha, wowawerenga angaganize kuti chofunika ndi kuphunzitsa anthu kusunga mabotolo patali ndi ana, osaona kuti tikufunikanso aphungu a maganizo m'zipatala zing'onozing'ono.

Kwa anzanga a ku Luchenza, lembetsani, ndipo mukatenge mafayilo anu oyeserera ofufutidwa maina, chifukwa a mphunzitsi ndi ochepa. Koma mupemphe okonza kuti alole dokotala mmodzi wa pa chipatala chanu akakhale nawo tsiku lachiwiri. Ine nditabwerera ku Thyolo ndidapempha mphindi 10 pa msonkhano wa m'mawa, ndidawerengera madokotala lamulo lija la X40 mpaka X49, ndipo tidagwirizana kuti fayilo iliyonse ya chiphe yosatchula cholinga izibwerera ku wodi wodwala asanatuluke. Sabata yatha ndidabweza mafayilo awiri, ndipo imodzi idabwera italembedwa kuti "mwadala", pansi pake pali tsiku loti wodwalayo adzaonane ndi namwino wa matenda a maganizo.