Nyenyezi zinayi, gaidi ndi wodziwa koma amathamanga

Kulowa mu Turbine Hall, holo yaikulu ya nyumba yoonetsera zaluso ya Tate Modern ku London, ndi ulele, ndiye wina anganene kuti kulipira gaidi nkuwononga ndalama, koma ine sindikudandaula ayi. Tinabukitsa pa intaneti kudzera ku kakampani kena kapulayiveti kuti atiyendetse pa ntchito ya katswiri wa zaluso El Anatsui yotchedwa Behind the Red Moon, ija inakhalapo kuyambira Okutobala 2023 mpaka Epulo 2024.

Ukamalowa umaona chinthu chofiira chachikulu chili lende mmwamba ngati thanga la ngalawa, ndipo anthu ambiri amangojambula selfie nkumapita. Gaidiyo anatiuza kuti tidutse kaye kenako titembenuke, aaa kumbuyo kwake ndi kwachikasu! Kenako anatitengera kumapeto kwa holo komwe kunali chikhoma chakuda chochokera kudenga mpaka kudzaunjikana pansi, nkutiuza kuti tiyandikire. Apa mpomwe ndalama yanga inagwira ntchito. Chonsecho ndi zitsekerero za mabotolo a mowa, zophwathalalitsa, zoboola timabowo mmakona nkumanga chimodzichimodzi ndi waya wa kopa, zina zilembo za dzina la mowa zikuonekabe, zina zopindika pomwe munthu anapotokola potsegula botolo. Umangoganiza kuti chilichonse chinadutsa mmanja mwa munthu amene anamwa, wina amene anatola, ndi anyamata a ku studio amene anakhala pansi nkumalumikiza, ndipo zilipo masauzandemasauzande.

Mbiri anaifotokoza bwino ndithu. El Anatsui anabadwa mu 1944 ku Anyako, Ghana, anayamba kuphunzitsa ku yunivesite ya ku Nsukka, Nigeria mu 1975, ndipo mu 2015 analandira mphotho ya zaluso yotchedwa Golden Lion ku Venice, Italy. Chifukwa chosankhira zitsekerero si nkhani yongotola zinyalala, mowa unali katundu mmodzi amene azungu ankabweretsa ku West Africa posinthana ndi anthu, anthuwo nkuwaolotsa nyanja kukalima nzimbe, nzimbezo nkupanga shuga ndi ramu zobwereranso mmalonda omwewo. Ndiye dzina la nyumbayi likuchokera kwa Henry Tate amene analemera ndi bizinesi ya shuga, ngakhale iyeyo anabadwa mu 1819 Britain italetsa kale malonda a akapolo mu 1807. Pamenepa gaidi anangodutsapo mwachangu ngati akuopa china chake, pomwe ine ndimafuna tikhalepo kaye, chifukwa ndi nkhani imene ikupangitsa kuti chikhoma chakudacho chikhale ndi tanthauzo pamalo amenewo.

Nyenyezi imodzi ndachotsa pa zifukwa zomwezo za changu. Gulu linali lalikulu kuposa momwe analembera pobukitsa, timahedifoni tawo timangoti phwaa phwaa muholo momwe mawu amamveka kale kawirikawiri, ndipo chidutswa china chapakati pa chofiira ndi chakuda chija, chomwe ukaima pamlatho wa muholomo tizidutswa tooneka ngati anthu timakumana nkupanga dziko lozungulira, anangotilozera ndi chala akuyang'ana wotchi. Ndinachita kubwerera ndekha kukaima pamlathopo atatibalalitsa.

Amene mukufuna kubukitsa nawo pa chionetsero china, funsani kaye kuti gulu likhala la anthu angati, ndipo sankhani mmawa anthu asanadzaze. Musapangenso pulani ina mukangomaliza, mudzafuna kuzunguliranso panokha.