KIT Scenarist: pulogalamu yaulere yoyenera mkonzi wa sikiripiti

Mafilimu ambiri opangidwa muno mu Blantyre amapunduka asanafike pa kamera. Nkhani imalembedwa mu Word, mwiniwake n'kuiwerenga yekha, mawa lake anthu ali kale ku Chilomoni kukajambula. Palibe munthu wachiwiri amene waigwira n'kufunsa kuti sini iyi ikutani pano. KIT Scenarist ndi pulogalamu yolembera sikiripiti, koma mphamvu yake yeniyeni ili pa ntchito ya munthu wachiwiriyo.

Pulogalamuyi inapangidwa ku Russia, ndipo kumeneko ntchito ya mkonzi wa sikiripiti ndi yakale. M'nthawi ya Soviet Union, masitudiyo a boma, kuphatikizapo Kyrgyzfilm ya mumzinda wa Frunze womwe lero ndi Bishkek, ankalemba akonzi ntchito yokhazikika. Wolemba ankapereka nkhani yowerengeka ngati nthano, mkonzi n'kuibweza ndi ndemanga kuti ikonzedwe, kenako dayirekita n'kulemba sikiripiti yachiwiri yogawa kajambulidwe. Mafilimu a ku Kyrgyzstan omwe anamveka m'zaka za m'ma 1960 ndi 1970, angapo ochokera m'nkhani za mlembi wa kumeneko Chingiz Aitmatov, anadutsa njira imeneyi. N'zoona kuti akonziwo ankasefanso mawu m'malo mwa boma, ndipo zimenezo sizosiririka. Chosiririka ndi chizolowezi choti sikiripiti iwerengedwe ndi wina ndalama zisanayambe kutuluka.

KIT Scenarist imagwira pa Windows, macOS ndi Linux. Mukaidawuniloda kamodzi, simufunikanso bandulo kuti mulembe.

Musanalembe liwu ngakhale limodzi, konzani zinthu zitatu. Sankhani kalembedwe ka pepala la A4, chifukwa mukasiya pa Letter, kukula kwa pepala kwa ku America, masamba amasuntha mukakapulinta ku Limbe, ndipo tsamba 40 la dayirekita silifanana ndi tsamba 40 la wochita sewero. Zimitsani chowunikira masipelo: Chichewa sichichidziwa, ndiye tsamba lonse limangodzaza mizere yofiira. Kenako onetsetsani kuti ikusunga yokha ntchito pakapita mphindi zochepa, ndipo makope osungira muziwaika pa fulashi. Magetsi akazima batire ya laputopu ili yotopa, mudzathokoza.

Polemba, mabatani a Tab ndi Enter ndi omwe amakusamutsani kuchoka pa mutu wa sini kupita pa zochitika, dzina la munthu, ndi mawu ake. Mutu ngati EXT. MSIKA WA NDIRANDE - M'MAWA (EXT. kutanthauza kuti sini ikuchitikira panja) umakhala pamalo pake osavutika ndi mipata. Izi mapulogalamu ena amachitanso.

Pomwe imaposa ndi pa makadi. Sini iliyonse imaoneka ngati khadi pabolodi, ndipo mukakoka khadi n'kuliika pena, sini yonse imasamuka m'sikiripiti. Mkonzi ayambire pano, asanakhudze mawu a anthu. Pakhadi lililonse alembe chiganizo chimodzi: ndani akufuna chiyani, ndipo chasintha n'chiyani pofika kumapeto. Khadi lomwe lakanika kudzaza chiganizocho ndi sini yofunika kudula kapena kuphatikiza ndi ina. Perekani mtundu umodzi kwa makadi a nkhani yaikulu, wina kwa nkhani yapambali. Mukaona makadi 12 otsatizana opanda mtundu wa nkhani yapambali, dziwani kuti owonera aiiwala. Vuto lofala m'masewero athu, loti mayi afotokozera mnansi zomwe taona kale ndi maso, limaonekera msanga pabolodi: makadi awiri amakhala ndi chiganizo chofanana.

Ndemanga zimaikidwa pambali, mawu okayikitsa n'kupakidwa utoto, osafufuta zomwe wolemba analemba. Ubale wa anthu awiriwa umasungika chifukwa cha zimenezi, pakuti mkonzi amaloza vuto, wokonza n'kukhala mwini nkhani.

Malipoti ake ndi othandiza pa bajeti. Amawerenga masini a malo aliwonse ndi a munthu aliyense. Malo omwe atuluka kamodzi kokha, tinene nyumba ya ku Bangwe, ndi tsiku lathunthu la mafuta ndi chakudya cha gulu lonse chifukwa cha mphindi ziwiri. Funsani ngati siniyo singachitikire pamalo omwe mukujambulapo kale. Koma malipotiwa amanama mukasinthasintha mayina: NAMBEWE ndi MAYI NAMBEWE amawerengedwa ngati anthu awiri.

Chenjerani ndi kutalika kwa filimu komwe pulogalamuyi imaonetsa. Lamulo loti tsamba limodzi la zilembo za Courier 12 ndi mphindi imodzi linapangidwira Chingerezi. Mawu athu ndi aatali, ndipo malonje a m'nyumba ya maliro sayankhulidwa mothamanga. Werengani masamba 5 mokweza ndi wotchi, gawani masekondiwo ndi 5, ndipo chiwerengerocho muchiike m'malo mwa masekondi 60 pokonza kawerengedwe ka nthawi.

Zofooka zilipo. Sikiripiti yochokera mu Word, yomwe mipata yake inapangidwa pomenyamenya batani la mpata, imalowa yosokonekera, mawu a anthu n'kusanduka zochitika. Muyenera kuikonza ndime ndi ndime. Kachizindikiro ka mu ng' ndi m' kakalembedwa mwina mowongoka mwina mopinda, kufufuza liwu kumaphonya ena. Chilembo cha ŵ muchione mu PDF musanapulinte makope 20. Chachikulu n'chakuti eni ake anasiya kuikonza, anasamukira ku pulogalamu yatsopano yotchedwa Story Architect, yomwe ina mwa mbali zake ndi zolipira. Choncho musadalire fayilo ya .kitsp yokha, yomwe KIT Scenarist imasungiramo ntchito yanu. Mukamaliza kukonza kulikonse, tulutsani kope la PDF ndi la FDX, lomwe Final Draft ndi mapulogalamu ena olembera sikiripiti amatsegula, ndipo pa dzina la fayilo muikepo deti.