ImageMagick, libvips, OpenCV kapena WIC: laibulale iti yoika m'pulogalamu ya zithunzi?

Munthu akamalemba pulogalamu ya pa kompyuta yotsegula kapena kuchepetsa zithunzi, salemba yekha code yowerenga JPEG. Amatenga laibulale, yomwe ndi code yopangidwa kale ndi ena, n'kuika mafayilo ake m'foda ya pulogalamuyo, a .dll pa Windows, a .so pa Linux, a .dylib pa Mac. Posankha, ambiri amathamangira kuwerenga mitundu ya zithunzi imene laibulale iliyonse imatsegula. Ine ndimati zimenezo zidikire kaye. ImageMagick, libvips ndi OpenCV zonse zimatsamira pa malaibulale omwewo owerengera zithunzi, monga libjpeg-turbo, libpng, libtiff ndi libwebp. Zimasiyana kwenikweni pa RAM imene zimadya, komanso pa funso loti chibowo, kutanthauza cholakwika chimene achinyengo angalowerepo pa kompyuta, chikapezeka m'fayiloyo adzachitseka ndani.

ImageMagick ndiye mkulu wa onse. John Cristy anaiyamba mu 1987 akugwira ntchito ku DuPont, ndipo inaperekedwa kwa anthu mu 1990. Imawerenga mitundu ya mafayilo yoposa 200, moti chithunzi chachilendo chikakana kwina konse, nthawi zambiri kuno chimatseguka. Koma imameza chithunzi chonse isanayambe ntchito. Tiyerekeze chithunzi cha kamera cha 6000 x 4000, chomwe ndi mapikiseli 24 miliyoni. Pa disiki ndi JPEG ya ma MB ochepa chabe. Chikatambasulidwa pa 8-bit chimafika 72 MB. Mu ImageMagick ya Q16, yosunga mapikiseli pa 16-bit, chimakhala 144 MB, ndipo mu Q16-HDRI, yosunga pa 32-bit, yomwe ambiri amapeza akatenga ImageMagick 7, ndi 288 MB. Ndiye pulogalamu yanu itsegule zithunzi khumi nthawi imodzi pa laputopu ya 4 GB, muone. Ngati mukungosamala zithunzi wamba, tengani ya Q8, ya 8-bit, simudzaona kusiyana ndi maso. Dziwaninso kuti pa Windows imabwera ndi mulu wa mafayilo, ena oyamba ndi CORE_RL_, ena IM_MOD_RL_. Mukaiwala IM_MOD_RL_jpeg_.dll pulogalamu idzatseguka bwinobwino, koma idzakana JPEG iliyonse.

GraphicsMagick inapatuka ku ImageMagick mu 2002. Ndi yopepukirapo ndipo sisinthasintha, koma kagwiridwe kake ka memori ndi komweko.

Ya libvips inabadwa ndi vuto lina m'maganizo. Inachokera ku ntchito ya VASARI chakumayambiriro kwa zaka za m'ma 1990, pamene National Gallery ya ku London ndi Birkbeck College ankajambula zithunzi zopentedwa n'kupeza mafayilo aakulu kuposa memori ya makompyuta a nthawiyo. Choncho siinyamula chithunzi chonse. Mukaiuza kuti itsegule, ichepetse, inole ndi kusunga, imalumikiza ntchito zonsezo pamodzi n'kudikira. Ikafika posunga m'pamene imayamba kukoka mapikiseli kagawo kagawo, ngati madzi oyenda m'paipi, ndipo mbali zonse za purosesa zimagwira ntchito limodzi. Pa ntchito yochepetsa zithunzi zambirimbiri, kapena TIFF yaikulu ya sikana, sindiona yoiposa, n'chifukwa chake sharp, laibulale ya zithunzi ya Node.js, inamangidwa pa iyoyi. Zovuta zake zilipo ndithu. Ntchito ina, monga kutembenuza chithunzi madigiri 90, imafuna chithunzi chonse, ndiye imabwerera ku memori kapena ku fayilo yosakhalitsa pa disiki. Imadalira laibulale ina yotchedwa GLib. Layisensi yake ndi LGPL, kotero m'pulogalamu yogulitsa njira yosavuta ndi kusiya libvips-42.dll payokha, kuti wogwiritsa ntchito athe kuisintha akafuna.

OpenCV anthu amaitchula kawirikawiri pa nkhaniyi, koma ntchito yake ndi ina. Inayambira ku Intel mu 1999, ndipo kuyambira pa 4.5.0 mu 2020 ili pa layisensi ya Apache 2. Inapangidwa kuti kompyuta izizindikira zimene zili m'chithunzi: nkhope, m'mphepete mwa pepala losikanidwa, chinthu choyenda m'vidiyo. Pamenepo palibe mnzake. Koma kuitenga kuti ingochepetsa zithunzi n'kudzilemetsa, fayilo ya opencv_world payokha ndi ya ma MB makumi angapo. Ilinso ndi misampha iwiri yomwe imakola pafupifupi aliyense woyamba. Imasunga mitundu ya utoto motsatana BGR (wabuluu, wobiriwira, wofiira), osati RGB (wofiira, wobiriwira, wabuluu), ndiye mukapereka mapikiseliwo molunjika ku windo la pulogalamu nkhope za anthu zimatuluka zabuluu. Komanso imread, lamulo lake lotsegulira chithunzi, mukapanda kuiuza IMREAD_UNCHANGED, imataya mbali yoonekera mkati ya PNG mwakachetechete.

Tsono za chibowo zija. Mu 2004 GDI+, laibulale ya zithunzi ya Microsoft, inapezeka ndi vuto loti JPEG yokonzedwa mwachinyengo inkatha kulowetsa code yoipa. Chinavuta kwambiri n'chakuti mapulogalamu ambiri anali atanyamula gdiplus.dll yawoyawo, moti kukonza Windows yokha sikunathetse nkhani. Mu 2016 kunabwera ImageTragick, pamene fayilo yodzionetsa ngati chithunzi inkalamula ImageMagick kuyendetsa malamulo pa kompyuta, ndipo kuyambira pamenepo aliyense wosamala amatseka mitundu ya mafayilo yosafunika mu policy.xml, fayilo ya malamulo a ImageMagick. Mu September 2023 inali libwebp. Chrome ndi Firefox anakonza m'masiku ochepa, koma pulogalamu iliyonse yomwe inanyamula libwebp yakale kuposa 1.3.2 inayenera kudikira mwini wake. Fayilo ya DLL imene mwaika m'foda yanu ndi udindo wanu mpaka kalekale, Windows Update siikhudza.

Apa m'pamene WIC (Windows Imaging Component), laibulale ya zithunzi ya Windows, imapambanira. Inabwera ndi Windows Vista, ili kale m'kompyuta mu windowscodecs.dll, ndipo amaikonza ndi a Microsoft. Simunyamula kanthu. Imawerenga JPEG, PNG, TIFF, GIF ndi BMP, imachepetsa, imatembenuza, imawerenga EXIF, zimene kamera imalemba zokhudza chithunzicho. Malire ake ndi oonekeratu: ndi ya Windows basi, zokometsera zithunzi ilibe zambiri, ndipo zithunzi za mtundu wa HEIC zimafuna chowonjezera cha ku Microsoft Store chomwe simungadziwe ngati wogwiritsa ntchito ali nacho. Komabe pulogalamu ya Windows yokha yongoonetsa zithunzi wamba, ine ndingayambire pamenepa ndisanaganize zina.

Laibulale ina, FreeImage, imakopa chifukwa ndi fayilo imodzi yokha, FreeImage.dll, zonse zili m'kati. Vuto lili pomwepo. Yomaliza kutulutsidwa ndi 3.18.0 ya mu 2018, ndipo libtiff, libpng ndi libwebp zomwe zinamangiridwa m'katimo ndi za nthawi imeneyo. Ngati pulogalamu yanu yakale ikuigwiritsabe ntchito ndipo imatsegula zithunzi zochokera pa intaneti, imangeni nokha ndi malaibulale atsopano, apo ayi samukirani ku libvips.